Kupeza ndi kusanja magemu mu laibulale ya Steam

Gemu munagula, ndalama zinapita, koma mukatsegula Library simukuiona. Kapena magemu mulinawo ambirimbiri, mwakhala pansi madzulo kuti musewere, theka la ola latha mukungokwera ndi kutsika pa mndandanda, mapeto ake mwayatsanso Dota 2 yanu ya masiku onse. Mavuto awiriwa anakula pamene kampani ya Valve, eni ake a Steam (pulogalamu yogulira ndi kusewerera magemu pa kompyuta), inasintha maonekedwe a laibulale yake, pomwe pamaoneka magemu anu onse, mu Okutobala 2019, n'kubweretsa tsamba la zithunzi, mashelefu, magulu ndi zosefera. Nthawi zambiri gemu imakhala kuti sinasowe. Pali kabatani kamene kakuibisa, ndipo munakadina nokha osadziwa.

Steam ilibe Chichewa, choncho mayina a mabatani ndawalemba monga momwe amaonekera pa sikirini.

## Zofunika musanayambe

- Kompyuta kapena laputopu ya Windows 10 kapena 11. Mabatani ake ndi pafupifupi omwewo pa Mac ndi Linux. Windows 7 ndi 8 Steam inasiya kuzithandiza pa 1 Januwale 2024.
- Pulogalamu ya Steam yoikidwa m'kompyuta. Tsamba la Steam la pa Chrome kapena Firefox lili ndi sitolo, koma laibulale yomwe tikunena pano mulibe.
- Dzina la akaunti, pasiwedi, ndi foni kapena imelo yolandirira nambala ya Steam Guard, yotsimikizira kuti amene akulowa mu akaunti ndi inuyo.
- Intaneti pang'ono. Kusanja sikudya bandulo kwenikweni, koma magulu amene mupange amasungidwa ku akaunti yanu, ndiye ndi bwino kugwira ntchitoyi muli pa intaneti.
- Mausi. Pali zokoka ndi zodina kumanja (ndi batani lakumanja la mausi) zambiri, ndipo kachidutswa kogwira ndi chala ka pa laputopu kakutopetsani.
- Ngati magemu ena ali pa hadi disiki yakunja, ilumikizeni musanatsegule Steam.

## 1. Pepukitsani laibulale musanaigwire

Laibulale yatsopanoyi imakonda zithunzi, ndipo pa laputopu yokalamba imayenda mokoka miyendo. Dinani Steam pakona yakumanzere m'mwamba, kenako Settings, kenako Library. Yatsani Low Bandwidth Mode, yomwe imachepetsa zithunzi ndi nkhani zimene Steam imadzitengera yokha pa intaneti. Yatsaninso Low Performance Mode, yomwe imazimitsa zokongoletsa zoyendayenda. Ngati simufuna kuona zithunzi ndi mavidiyo a anthu ena pansi pa tsamba la gemu iliyonse, pomwepo pali Disable Community Content.

Mukadali mu Settings, lowani mu Interface ndipo pa Start Up Location musankhe Library. Mukatero Steam izitsegukira ku magemu anu, osati ku sitolo komwe kumakhala zotsatsa zodya data.

## 2. Dziwani mabatani a kumanzere

Dinani Library m'mwamba. Sikirini yagawika pawiri: kumanzere kuli mndandanda wa mayina, kumanja kuli zithunzi. Pafupifupi zonse zimene zimasocheretsa anthu zili pamwamba pa mndandanda wakumanzerewo, m'kadanga kakang'ono zedi.

Pamwamba penipeni pali Home, ndipo pambali pake pali kachizindikiro ka timabokosi kamene kamatsegula magulu anu onse. Pansi pake pali bokosi lotsika lolembedwa Games. Mukalidina muona timabokosi tochonga ta Games, Soundtracks, Software, Videos ndi Tools. Chimene sichinachongedwe sichioneka pa mndandanda, ngakhale muli nacho.

Kumanja kwa bokosi limenelo kuli timabatani tiwiri topanda mawu. Ka wotchi kamasanja magemu potengera nthawi imene munawagwira komaliza, ndiye ndondomeko ya A mpaka Z imasokonekera ndipo mayina amagawidwa m'miyezi ndi zaka. Ka chizindikiro chosewerera kamangoonetsa magemu okonzeka kuseweredwa. Kameneka ndi kothandiza kwambiri, komanso ndi kamene kamachititsa anthu ambiri kuganiza kuti aberedwa akaunti.

Pansi pa zonsezi pali bokosi lofufuzira, ndipo kumapeto kwake kuli kachizindikiro ka zosefera.

Mtundu wa dzina umakuuzaninso kanthu. Dzina loyera ndi gemu yoikidwa kale m'kompyuta, lotuwa ndi yomwe muli nayo koma sinaikidwe, la buluu ndi yomwe ikutsitsidwa kapena ikudikira update, ndipo lobiriwira ndi yomwe yatseguka panopa.

## 3. Kupeza gemu yomwe ikuoneka ngati yasowa

Apa tsatirani ndondomeko, musalumphe. Yambani ndi zosavuta.

1. Fufutani chilichonse chimene chili m'bokosi lofufuzira. Chilembo chimodzi chotsalira n'chokwanira kubisa laibulale yonse.
2. Onani kabatani ka magemu okonzeka kuseweredwa. Ngati kawala, kazimitseni. Magemu onse osaikidwa abwerera.
3. Tsegulani bokosi lotsika ndipo muchonge zonse. Mapulogalamu monga Wallpaper Engine kapena Blender amakhala pansi pa Software, osati Games. Maseva oyendetsa nokha amakhala pansi pa Tools.
4. Lembani chidutswa cha dzina lenileni, osati chidule chimene mumatchulira ndi anzanu. Lembani "grand" kapena "counter", muone zimene zituluke.
5. Onani mitu ya magulu pa mndandanda. Gulu lopindidwa limangoonetsa dzina lake ndi nambala. Dinani mutuwo kuti litambasuke.
6. Dinani View m'mwamba, kenako Hidden Games. Ngati gemu ili m'menemo, dinani kumanja pa dzina lake, Manage, n'kuichotsa pa zobisika.

Chenjezo: magemu ena anasintha mayina. Amene akufufuza Counter-Strike: Global Offensive adziwe kuti mu Seputembala 2023 Valve inaika Counter-Strike 2 m'malo mwake, pa malo omwewo a mu laibulale. Grand Theft Auto V nayo kuyambira Malichi 2025 imaoneka pawiri, ina Legacy ina Enhanced. Ya Enhanced imafuna kompyuta yamphamvu kuposa inzakeyo, choncho onetsetsani dzina musanayambe kutsitsa magigabayiti ambirimbiri.

Ngati zonsezi zalephera, funso lotsala ndi lakuti gemuyo ilidi pa akaunti imeneyi. Dinani dzina lanu pakona yakumanja m'mwamba, Account details, ndipo muone View purchase history ndi View licenses and product key activations. Chilichonse chimene munagula kapena kulowetsa ndi kiyi (nambala ya gemu yogulidwa kwina) chalembedwa m'menemo. Ngati mulibe, mwina muli ndi maakaunti awiri, zomwe zimachitika kawirikawiri kwa munthu amene anaiwalapo pasiwedi n'kutsegula ina. Mwinanso munaitenga ku sitolo ina. Magemu aulere amene Epic Games Store imapereka sabata ndi sabata amakhala ku Epic komweko, sadutsira ku Steam okha. Mwinanso inali ya kusewera ulere kumapeto kwa sabata, nthawi yake inatha, kapena inali ya m'bale wanu kudzera mu Steam Families, njira yobwerekana magemu pabanja, ndipo simulinso m'gulu la banjalo.

Pali vuto lina losiyana pang'ono: dzina likuoneka, koma ndi lotuwa, ndipo batani likuti Install pamene mukudziwa kuti gemuyo ili m'kompyuta. Musadine Install msanga. Nthawi zambiri Steam yataya foda imene muli magemuwo, makamaka ngati ili pa hadi disiki yakunja yomwe inalumikizidwa mochedwa kapena Windows yaipatsa chilembo china. Pitani ku Settings, Storage, dinani dzina la disiki m'mwamba, Add Drive, n'kuloza foda yakaleyo. Magemu onse a m'menemo ayeranso osatsitsa kalikonse.

## 4. Chotsani zosafunika pamaso

Kusanja zinyalala n'kutaya nthawi. Musanapange gulu lililonse, yendani pa mndandanda wonse kamodzi n'kubisa zimene mukudziwa kuti simudzazitsegula: ma demo, maseva oyesera monga PUBG Test Server, magemu amene anabwera ngati basera pogula ena, ndi aulere amene munangoyesa tsiku limodzi.

Gwirani Ctrl n'kumadina mayina amodziamodzi, kapena dinani loyamba, gwirani Shift, n'kudina lomaliza kuti musankhe onse apakati. Kenako dinani kumanja, Manage, n'kusankha kubisa. Pa gemu imodzi mawu ake ndi Hide this game.

Pamenepa pali zinthu zinayi zimene anthu amasokoneza, ndipo zonse zili pafupipafupi pansi pa Manage:

- Hide imangochotsa gemu pamaso panu. Ikadali yanu, ikadali pa disiki ngati inaikidwa, ndipo anzanu akutha kuona kuti muli nayo.
- Mark as Private imabisa gemu kwa anzanu. Saona kuti muli nayo kapena kuti mukuisewera, koma inuyo mumaionabe mu laibulale.
- Uninstall imafufuta mafayilo m'kompyuta. Gemu imakhalabe pa akaunti, koma kuti musewerenso muyenera kuitsitsanso yonse.
- Remove from account imaoneka pa magemu aulere ndipo imachotsa gemu pa akaunti.

Ngati cholinga ndi kungoyeretsa mndandanda, Hide ndi yokwanira.

## 5. Pangani magulu ochepa a pamanja

Yambani ndi Favorites, gulu lomwe lilipo kale ndipo limakhala pamwamba pa ena onse. Dinani kumanja pa gemu, Add to favorites, kapena dinani nyenyezi pa tsamba la gemuyo. Muziikamo magemu amene mukusewera mwezi uno okha, asanu kapena asanu ndi limodzi. Mukaikamo gemu iliyonse imene munaikondapo, pakutha pa chaka Favorites idzakhala laibulale ina yofunikanso kusanja.

Kuti mupange gulu lanu:

1. Dinani kumanja pa gemu, Add to, kenako New collection.
2. Lembani dzina ndipo mudine Create Collection.
3. Onjezani ena powakoka kuchokera pa mndandanda n'kuwaponya pa gululo, kapena sankhani ambiri ndi Ctrl n'kudina Add to.

Gulu si foda. Gemu imodzi itha kukhala m'magulu atatu nthawi imodzi, ndipo pa disiki palibe chimene chimasuntha. Mukafufuta gulu, magemu ake satha, amangobwerera pansi pa Uncategorized ngati sali m'gulu lina.

Tsono magulu ake ati? Anthu ambiri amathamangira kupanga Action, Racing, Sports, RPG, ndipo amathera Loweruka lonse akukoka mayina. Ntchito imeneyo ndi yosafunika, chifukwa Steam imadziwa kale mtundu wa gemu iliyonse ndipo itha kukusanjirani yokha, monga tionere pa gawo lotsatira. Magulu a pamanja asungireni zimene Steam singadziwe, zomwe zili m'mutu mwanu mokha. Mwachitsanzo:

- Ndikusewera, ngati Favorites mwaisungira zina.
- Zotsatira, magemu amene mwatsimikiza kuti ndiwo muyambe mukamaliza omwe muli nawo panopa. Asapitirire khumi.
- Ndinamaliza. Steam imadziwa maola amene mwasewera koma sidziwa ngati munafika kumapeto.
- Ndinazisiya, amene munayesa ndipo sanakugwireni mtima. Gulu limeneli limakupulumutsani kuti musatsitsenso gemu yomwe munaikana kale.
- Opanda intaneti, amene mwayesa nokha n'kuona kuti amatsegukadi netiweki kulibe.
- Opepuka, amene laputopu imawakwanitsa pa batire magetsi atathima, osatentha kapena kuzima msanga.
- Za ana, ngati kompyutayo mumagwiritsa ntchito ndi ang'onoang'ono a pakhomo.

Magulu awiri a Opanda intaneti ndi Opepuka ndi amene ndimaona kuti amagwira ntchito kwambiri kwa munthu amene bandulo yake imathera pakati pa mwezi. Palibe chosefera cha Steam chimene chingakuuzeni motsimikiza kuti gemu itseguka popanda intaneti. Gemu ikhoza kulembedwa kuti ndi ya munthu mmodzi koma n'kufuna pulogalamu ina ya kampani yake, monga EA app, Ubisoft Connect kapena Rockstar Games Launcher, ndipo zimenezi nthawi zina zimafuna mulowe kaye pa intaneti. Njira yake ndi kuyesa: dinani Steam, Go Offline, zimitsani Wi-Fi, n'kutsegula gemu iliyonse. Yatseguka, iponyeni m'gulu.

Magulu amasanjika motsatira zilembo, ndipo simungawakoke kuti lina likwere. Ikani nambala kutsogolo kwa dzina: "1 Ndikusewera", "2 Zotsatira", mpaka "9 Ndinazisiya". Kusintha dzina, dinani kumanja pa mutu wa gulu.

## 6. Lolani Steam isanje zotsalazo

Apa ndi pamene laibulale yatsopano imaposa yakale kutalitali. Dynamic Collection ndi gulu limene simuikamo magemu nokha. Mumangolipatsa malamulo, ndipo gemu iliyonse yokwaniritsa malamulowo imalowa yokha, kuphatikizapo imene mudzagule chaka chamawa.

1. Dinani kachizindikiro ka zosefera kumapeto kwa bokosi lofufuzira.
2. Chongani zimene mukufuna. Pansi pa Players pali Single player, Multiplayer, Cooperative ndi Local Multiplayer. Pansi pa Play State pali Ready to play, Installed locally, Played ndi Unplayed. Palinso Genre, Features, ndi mbali ya zipangizo monga padi yosewerera.
3. M'bokosi la Store tags mutha kulemba mawu amene anthu anamata pa gemu ku sitolo, monga Open World, Horror kapena Story Rich.
4. Yang'anani mndandanda wakumanzere. Ukusintha pamene mukuchonga, ndiye mukuoneratu zimene zilowe m'gulu.
5. Mukakhutira, dinani batani losungira zoseferazi ngati Dynamic Collection, n'kulemba dzina.

Gulu lotere limadziwika ndi kachizindikiro ka mphezi pambali pa dzina lake.

Magulu amene ali aphindu ndi ophatikiza zinthu ziwiri kapena zitatu, chifukwa amayankha funso lenileni limene mumakhala nalo mukakhala pa kompyuta. Kwabwera anzanu ndipo pali mapadi awiri: Installed locally, Local Multiplayer, ndi zogwirizana ndi padi. Litchuleni "Alendo". Mukufuna chatsopano koma simukufuna kutsitsa kanthu: Installed locally ndi Unplayed. Mukufuna kudziwa zimene munagula pa Summer Sale, nthawi imene Steam imatsitsa mitengo, koma simunazigwirepo: Unplayed yokha, ngakhale nambala imene ituluke ikhoza kukuchititsani manyazi pang'ono. Palinso bokosi la Friends: mukalembamo dzina la mnzanu, muona magemu amene nonse awiri muli nawo. Phatikizani ndi Cooperative, ndipo mkangano wa "tisewere chiyani" watha.

Chenjezo: mukachonga zambiri, gulu limachepa, silikula. Mukaika Horror, Racing ndi Local Multiplayer pamodzi, mwina simupeza ngakhale gemu imodzi. Chongani chimodzi, onani zotsatira, kenako onjezani china.

Matagi a ku sitolo amamatidwa ndi osewera, ndipo ena amamata mwanthabwala. Musadabwe kupeza gemu ya ana m'gulu la zoopsa. Simukufunika kugwetsa gulu lonse. Dinani kumanja pa gemu yolakwikayo, Remove from, n'kusankha gululo. Mutha kuponyanso pamanja gemu imene malamulo anaisiya kunja, ndipo Steam imakumbukira zimenezo.

Chosefera cha Unplayed chimangoona ngati gemu inatsegulidwapo. Gemu imene munaitsegula pang'ono kuti muone ngati ikuyenda imawerengedwa kuti munasewera. Zoterozo ziikeni mu "Zotsatira" pamanja.

## 7. Konzani tsamba la Home

Tsamba la Home lapangidwa ndi mashelefu, ndipo iliyonse itha kuonetsa gulu limene mwasankha. Pansi pa nkhani za What's New dinani Add shelf, n'kusankha gulu. Pa shelefu iliyonse pali Sort by, pomwe mungasanje potengera zilembo, maola amene mwasewera, tsiku lomwe munasewera komaliza, tsiku lomwe gemu inatuluka, kukula kwake pa disiki, kapena mmene anthu anaiyamikirira. Mashelefu mutha kuwakweza kapena kuwatsitsa powakoka.

Atatu kapena anayi ndi okwanira: Recent Games, "Zotsatira" yosanjidwa ndi ndemanga za anthu kuti yabwino ikhale patsogolo, ndi All Games pansi penipeni. Shelefu ya All Games mukaisanja ndi Size on Disk muona pomwepo magemu amene akudya malo.

Amene zithunzi sizikuwasangalatsa n'komwe adine View, Small Mode. Steam imasanduka kawindo kakang'ono ka mayina okhaokha, ndipo magulu anu amaonekabe. Kubwerera ndi View, Large Mode.

## 8. Lowetsani magemu a kunja kwa Steam

Pakona yakumanzere pansi pali Add a Game. Sankhani Add a Non-Steam Game, ndipo ngati gemuyo siili pa mndandanda umene watuluka, dinani Browse n'kupeza fayilo yake yothera ndi .exe. Ikalowa, dinani kumanja, Properties, musinthe dzina, chifukwa nthawi zambiri imabwera ndi dzina la fayilo losamveka. Chithunzi chake chimakhala bokosi lotuwa. Pa tsamba la zithunzi dinani kumanja, Manage, Set custom artwork, n'kuikapo chithunzi chanu.

Dziwani kuti chimene mwaikacho ndi njira yachidule chabe. Steam siisamalira ma update a gemuyo, siisunga pamene munalekezera, ndipo pa kompyuta ina njirayo simukaipeza. Ngati magemu anu amwazikana kwambiri pakati pa Steam, Epic, GOG ndi EA, mapulogalamu aulere a Playnite ndi GOG Galaxy amasonkhanitsa malaibulale onsewo pamalo amodzi, ndipo n'kosavuta kuposa kulowetsa imodziimodzi.

## 9. Sanjaninso za pa disiki

Laibulale yooneka bwino pa disiki yodzaza ndi ntchito yosatha. Pitani ku Settings, Storage. Muona mzere wosonyeza mmene malo agawikira, ndipo pansi pake magemu onse ndi kukula kwake komanso tsiku limene munasewera komaliza. Chongani gemu, ndipo pansi pali Move ndi Uninstall.

Magemu aakulu amene mumasewera kawirikawiri akhale pa SSD, disiki ya mtundu wothamanga, kuti azitseguka msanga. Ena asamutsireni pa disiki ina ndi Move. Kumene data ndi yodula, kusamutsa kumaposa kufufuta: gemu ya magigabayiti 80 mukaifufuta lero n'kuifunanso mu Disembala, mwalipira data yake kawiri. Ngati mulibe disiki yachiwiri m'kati mwa kompyuta, dinani kumanja pa gemu, Properties, Installed Files, Backup game files, n'kusunga pa hadi disiki yakunja. Kubwezeretsa kuli pa menyu ya Steam, Restore Game Backup.

Chenjezo: musasamutse foda ya gemu ndi dzanja mu Windows n'kuyembekezera kuti Steam iitsatira. Magemu amakhala mu steamapps\common, koma Steam imawazindikira pogwiritsa ntchito timafayilo ta appmanifest tokhala mu steamapps. Mukasuntha foda yokha, gemu imaoneka ngati sinaikidwe. Gwiritsani ntchito Move, ndipo pa kompyuta ya pa tebulo yopanda UPS (batire yogwirizira magetsi akathima) musayambe kusamutsa gemu yaikulu nthawi imene mukudziwa kuti magetsi amakonda kuthima. Zikaduka pakati, dinani Verify integrity of game files mu Installed Files momwemo. Steam imangotsitsa mafayilo owonongeka okha.

Pomaliza pa gawo lino, letsani magemu amene simukusewera kudzitsitsira ma update. Mu Properties, Updates, sankhani kuti gemu idikire mpaka mutaitsegula. Mu Settings, Downloads muthanso kuika maola amene Steam iloledwa kutsitsa yokha, zomwe zimathandiza ngati mumagula bandulo ya usiku. Kuipa kwake n'kwakuti gemu imene ikudikira update nthawi zambiri imakana kutseguka mpaka itamaliza, choncho a m'gulu la "Opanda intaneti" muziwatsegulako mukakhala pa Wi-Fi yabwino.

## Zolakwika zimene anthu amachita kawirikawiri

Kusiya zosefera zoyaka. Mwasefa kuti mupeze gemu imodzi, mwasewera, mawa mukudabwa kuti laibulale yatsala ndi mayina asanu. Yang'anani bokosi lofufuzira ndi timabatani tiwiri tija musanakayikire china chilichonse.

Kupanga magulu ochuluka. Magulu 30 a magemu atatuatatu amatalikitsa mndandanda kuposa mmene unalili, popeza gemu ya m'magulu anayi imaoneka kanayi. Ngati gulu simunalitsegule miyezi ingapo, lifufuteni.

Kuganiza kuti Hide imabweza malo pa disiki. Gemu yobisika imadyabe magigabayiti ake, ndipo itha kumatsitsabe ma update mwakachetechete. Ngati disiki yadzaza koma simukuona chimene chaidzaza, yang'anani mu Storage, chifukwa m'menemo zobisika zimaonekanso.

Kuchotsa Steam yonse pofuna kukonza vuto laling'ono. Mukaichotsa kudzera mu Windows, magemu a m'foda yake amapita nawo. Ngati mwatsimikizadi kuiikanso, yambani mwakopera foda ya steamapps kwina.

Kufufuta gemu osaona za ma save, mafayilo osunga pamene munalekezera. Si gemu iliyonse imasunga ku Steam Cloud, malo osungira a Steam a pa intaneti. Chosefera cha Features chili ndi Steam Cloud, ndiye mutha kuona imene imasunga. Yosasunga, pezani kaye mafayilo ake, omwe nthawi zambiri amakhala mu Documents kapena AppData, muwakopere musanasinthe kompyuta kapena kuikanso Windows.

Kukopera gemu kwa mnzanu n'kuganiza kuti yakhala yanu. Kukopera foda kumakupulumutsani data ngati gemuyo ili kale pa akaunti yanu kapena ndi yaulere, monga Dota 2 kapena eFootball: ikani foda mu steamapps\common, dinani Install pa disiki yomweyo, ndipo Steam ipeza mafayilo omwe alipo n'kungotsitsa osowa. Koma gemu yogulitsa imene simunagule siioneka mu laibulale yanu ngakhale mafayilo onse ali pa disiki.

Kusanja pa akaunti ya wina. Magulu amatsatira akaunti, osati kompyuta. Ngati panyumba mumasinthana kompyuta imodzi, yang'anani dzina pakona yakumanja m'mwamba musanayambe kubisa ndi kukoka, chifukwa mukhoza kubisira achimwene anu magemu awo onse a mpira, ndipo zimenezo akazipezanso akalowa pa laputopu yawo.